App ya Plum Village m'manja mwa mayi wa khanda ku Mulanje ndi ku Thyolo

Kuno kwathu munthu akamva za Chibuda, maganizo ake amathamangira ku Amitofo Care Centre ku Mapanga, pa msewu wochokera ku Limbe kupita ku Zomba, ndi ana ake aja odziwika ndi kung fu. Awo ndi Abuda a mwambo wa ku China ndi Taiwan. App yomwe tikuiunika pano ndi ya nthambi ina. Inapangidwa ndi gulu la Plum Village, lomwe linakhazikitsidwa kumwera kwa France mu 1982 ndi Thich Nhat Hanh, mphunzitsi wa Chibuda wa ku Vietnam yemwe anabadwa mu 1926 n'kumwalira pa 22 Januwale 2022. Ndi yemweyo amene Martin Luther King Jr anamutchula mu 1967 kuti ndi woyenera kulandira mphoto ya Nobel ya mtendere. App imeneyi, yophunzitsa kusinkhasinkha ndi kukhazika mtima pansi, ndi yaulere, ilibe otsatsa malonda, ndipo imapezeka pa Play Store ndi pa App Store.

Funso lathu ndi limodzi. Kodi mayi wa khanda wa ku Chitakale, ku Limbuli, ku Luchenza kapena ku Makwasa, amene amadzuka mdima usanachoke, angapezemo chiyani chenicheni? Yankho lathu ndi lakuti muli zinthu zitatu kapena zinayi zamtengo wapatali, zoti mayi akaziphunzira safunanso foni kuti azichite. Zotsalazo zinakonzedwera munthu wodziwa bwino Chingelezi, wokhala ndi chipinda chachete komanso nthawi yambiri.

Tiyambe ndi za foni, poti n'zimene zimagwetsa anthu ulesi tsiku loyamba. Muli mawu ojambulidwa otsogolera munthu posinkhasinkha, maphunziro aatali, nyimbo, mafunso ndi mayankho, ndi belu. Zina ndi zongomvera, zina ndi makanema. Mawu okhaokha amadya pafupifupi MB imodzi pa mphindi, choncho phunziro la mphindi 20 muliwerengere MB 20 kapena kucheperapo. Kanema wa ola lathunthu akhoza kumeza ma MB mazana angapo, ndipo bandulo ya tsiku imatha muli pakati. Musamvetsere pa intaneti tsiku ndi tsiku. Gulani bandulo ya usiku kamodzi, mudawunilode zomvera zitatu kapena zinayi zazifupi, kenako muzimitse data. Zimene mwasunga zimalira ngakhale kumalo ovuta netiweki ngati m'zigwa za ku Thekerani kapena m'munsi mwa phiri cha ku Likhubula. Onaninso malo otsala m'foni musanayambe. Foni yodzaza ndi makanema a pa WhatsApp imakana kusunga, ndipo munthu amayesa kuti app ndiye yavuta.

Chopinga chachikulu ndi chinenero. Chichewa mulibe, Chilomwe mulibenso. Thich Nhat Hanh amalankhula Chingelezi chapang'onopang'ono, cha mawu osavuta, moti amene anafika Fomu 2 akhoza kutola zambiri, koma katchulidwe kake ka ku Vietnam kamafuna khutu lizolowere kwa masiku angapo. Aphunzitsi ena ndi a ku Ulaya ndi ku America, ndipo amathamanga. Njira yabwino ndi yakuti mayi mmodzi wodziwa Chingelezi amvetsere kawiri kapena katatu, alembe masitepe m'kope m'Chichewa, ndiyeno aphunzitse anzake pakamwa. Foni imodzi ikukwanira amayi khumi.

Chinthu choyamba choyenera kutenga ndi belu. Mumalitchera kuti lizilira pakapita nthawi imene mwasankha, ndipo likalira mumasiya kaye zimene mukuganiza, n'kupuma mpweya katatu mukuutsatira polowa ndi potuluka. Basi. Zimatenga masekondi osakwana 30. Chichewa chathu chinaziona kale izi, chifukwa mawu oti kupuma ndi amodzi omwewo ponena za mpweya ndi ponena za kutula ntchito. Mayi wa khanda alibe ola loti apume, koma mpweya utatu ali nawo, kaya ali pa mtondo kaya ali pa mzere ku mjigo. Litchereni pa ola limodzilimodzi. Mukaliika pa mphindi 15 zilizonse, pofika tsiku lachitatu khutu limasiya kulimva, ngati mmene anthu okhala pafupi ndi chigayo samvera phokoso lake. Muzilizimitsa usiku, lingadzutse mwana amene mwavutika naye kumugoneka.

Belu limeneli limatha kungosiya kulira. Nthawi zambiri chifukwa chake n'chakuti mafoni ambiri a Android, makamaka otsika mtengo, amatseka okha ma app amene sakugwiritsidwa ntchito pofuna kusunga batire. Lowani m'ma settings a batire, mulole app imeneyi kugwira ntchito ngakhale foni ili m'thumba, ndipo muonetsetse kuti mauthenga ake ndi ololedwa. Kwa amayi otchola tiyi m'maesiteti, belu la pafoni silithandiza kwenikweni. Manja onse ali pa tiyi, dengu lili kumsana, mvula ya Januwale ikugwa, foni ili mu jumbo. Koma chiphunzitso chake chimanena chokha kuti chilichonse chikhoza kukhala belu. Sankhani chinthu chochitika kangapo pa tsiku, monga kufika kumapeto kwa mzere, kutula dengu pa sikelo, kapena kumva mwana akuyamba kulira, ndipo chimenecho chikhale chokukumbutsani mpweya utatu uja.

Chachiwiri ndi kuwerenga mpweya. Khalani mmene thupi likulolera, msana uli wowongoka koma osaumitsa. Mpweya ukalowa n'kutuluka, nenani mumtima kuti 1. Pitirizani mpaka 10, mubwerere pa 1. Mukasokonezeka, yambiraninso pa 1 popanda kudzikalipira. Mphindi 5 zakwana pa sabata ziwiri zoyamba. Cholakwika chofala kwambiri ndi kukoka mpweya mwamphamvu, munthu poganiza kuti ndiye akuchita bwino. Pakangopita mphindi ziwiri amayamba chizungulire ndipo zala zimachita dzanzi, chifukwa watulutsa mpweya wambiri mofulumira kuposa mmene thupi likufunira. Mpweya suyenera kukokedwa, umangofunika kuuonerera mmene ulili, ngakhale uli waufupi. Cholakwika china ndi kukakamira kukhala mopinda miyendo ngati anthu a pa zithunzi. Mayi amene anachira kudzera pa opaleshoni kapena amene anasokedwa asadzizunze. Agone chammbali, kapena akhale pa mpando mapazi ali pansi.

Nthawi yoyamwitsa ndi imene imagwirizana kwambiri ndi zimenezi. Khanda limayamwa ka 8 kapena ka 12 pa tsiku, ndipo achipatala amalangiza bere lokhalokha kwa miyezi 6. Ndiye kuti mayi amakhala pansi kambirimbiri pa tsiku mosachita kufuna. Akasankha kawiri kokha mwa maulendo amenewa, n'kuika foni kutali, n'kumawerenga mpweya akumva kulemera kwa mwana pa mkono, wachita zonse zimene app ikufuna kwa woyamba kumene.

Apa m'pamene Chibuda chili ndi mawu ogwira mtima okhudza umayi, ndipo n'zimene zimachititsa kuti app imeneyi isangokhala chida chothetsera kutopa. M'malemba akale achibuda, pofuna kufotokoza mtima wofunira zabwino zamoyo zonse, chitsanzo chimene anasankha ndi mayi woteteza mwana wake mmodzi yekhayo ndi moyo wake womwe. Mphunzitsi wina dzina lake Buddhaghosa, amene analemba ku Sri Lanka cha m'zaka za m'ma 400, anafotokoza mitima inayi yapamwamba poyerekeza ndi mayi wa ana anayi. Kwa wakhanda amafuna kuti akule bwino, ndipo umenewo ndi metta. Kwa wodwala amafuna kuti ululu uchoke, ndiye karuna. Kwa amene zikumuyendera amakondwera naye, ndiye mudita. Kwa wamkulu amene ali pa zake, mayi sada nkhawa ndiponso samulondalonda, ndipo umenewo ndi upekkha. Mayi aliyense wa ku Chonde amene ali ndi khanda kumsana, wina wagonekedwa ndi malungo, wina wakhoza mayeso a Fomu 4, ndipo woyamba kubadwa ali ku Joni ndipo amaimba foni kamodzi pa miyezi iwiri, akudziwa mitima inayi yonseyi kuposa wophunzira aliyense wa mabuku. Wachinayiwo ndiye wovuta. Kumusiya mwana wamkulu m'manja mwake, osamutaya mumtima komanso osamukoka ndi chingwe cha madandaulo, ndi ntchito ya zaka.

Thich Nhat Hanh anatenga chithunzi cha mayi chomwechi n'kuchitembenuzira mkati. Amaphunzitsa kuti mkwiyo uli ngati mwana amene akulira. Mayi akamva kulira amasiya zimene akuchita, amanyamula mwana, ndipo asanadziwe n'komwe chavuta, kumunyamula kokhako kumayamba kumutontholetsa. Kenako m'pamene amafufuza ngati ndi njala, thewera kapena kutentha thupi. Mkwiyo nawo uzinyamulidwa choncho. Masitepe ake ndi awa: muzindikire kuti wafika ndipo muutchule mumtima, musalankhule kapena kukweza dzanja, muike mwana pamalo abwino ngati ali m'manja, mutuluke panja, muyende pang'onopang'ono mukuwerenga mapazi awiri kapena atatu pokoka mpweya ndi awiri kapena atatu potulutsa, kwa mphindi 5 mpaka 10. Mukatero m'pamene mufunse chimene chaukoleza. Kawirikawiri si mwana amene wataya phala uja ayi. Ndi tulo ta maola atatu, ndi ufa umene watsala pang'ono, ndi mawu amene apongozi ananena dzulo. Ichi tikuchiika pamwamba pa zonse za mu app, chifukwa chimateteza ana. Khanda siliyenera kugwedezedwa mwamphamvu ngakhale kamodzi, poti ubongo wake umavulala msanga, ndipo nthawi imene zimenezi zimachitika ndi yomweyi, usiku, mayi kapena bambo atatopa ndipo kulira sikukutha. Kuliika khanda chagada pamalo otetezeka n'kutuluka kwa mphindi 5 si nkhanza.

Tisabise mbali imene owerenga ena aifunse. Buddha mwiniwake, amene anayambitsa Chibuda, malinga ndi mbiri yake, anachoka panyumba usiku n'kusiya mkazi wake Yasodhara ndi khanda lawo Rahula. Mayi amene mwamuna wake anatsikira ku Joni mwana ali ndi mwezi umodzi sangaimve nkhani imeneyi mopepuka, ndipo sitikuona chifukwa chomuuzira kuti aimve mopepuka. Mayi ake a Buddha, Maya, anamwalira patangotha masiku 7 chibadwire mwanayo, ndipo amene anamulera ndi kumuyamwitsa ndi mng'ono wawo, Mahapajapati Gotami, amayi ake aang'ono monga tinenera ife. Mayi ameneyu atapempha kuti akazi nawonso aloledwe kulowa m'gulu la odzipereka, Buddha anamukaniza katatu. Anameta tsitsi, anayenda wapansi kuchoka kwawo ku Kapilavatthu mpaka ku mzinda wa Vesali, kumene Buddha anali, mapazi atatupa, ndipo Ananda, wophunzira wa Buddha, pomuchonderera anakumbutsa Buddha za bere limene anayamwa. Ndi mmene anakhalira mkazi woyamba kudzozedwa m'Chibuda. Choncho mwambo umenewu umalemekeza umayi ndi pakamwa, koma amayi enieniwo anachita kulimbana kuti apeze malo. App sinakonzedwere amayi okha, ndi ya aliyense, ndipo nkhani zakalezi musayembekezere kuzipeza zitandandalikidwa pamalo amodzi.

Gawo lotchedwa Deep Relaxation ndi lokoma kwambiri, komanso ndi limene lili ndi ngozi yeniyeni. Munthu amagona chagada, mawu n'kumamutsogolera kumasula thupi chiwalo ndi chiwalo, kuyambira kumutu mpaka kumapazi. Sister Chan Khong, amene anathandiza kukhazikitsa Plum Village, amadziwika ndi kutsogolera zimenezi akuimba tinyimbo tofewa ngati toguguzira mwana. Mayi wosowa tulo amagona pasanathe mphindi 10, ndipo tulo take timakhala tofa nato. Pa chifukwa chimenechi musachite izi mwana ali pa bere kapena pa chifuwa, musachite mphika uli pamoto ndipo wina wokwawa ali pafupi, ndiponso musachite m'nyumba yotseka muli mbaula ya makala. M'miyezi ya Juni ndi Julayi, chiperoni chikagwira phiri, anthu amalowetsa mbaula m'nyumba n'kutseka mawindo, ndipo mpweya wa makala umapha munthu ali m'tulo osanunkha kanthu. Musatseke makutu onse ndi mahedifoni. Valani khutu limodzi kapena muike foni pambali ilire motsitsa. Nthawi yake yabwino ndi pamene agogo kapena achemwali atenga mwana, ndipo mwanena momveka kuti mphindi 20 izi musandidzutse pokhapokha kwavuta.

Mfundo imeneyi ikutifikitsa pa chinthu chimene kuno tili nacho kale. A Plum Village amabwereza kuti munthu sangapite patali yekha, amafunika gulu, lomwe iwo amalitcha sangha. Ku Ulaya amachita kulifunafuna. Kwa Alomwe ndi Amang'anja, kumene mwamuna amakakhala chikamwini, mayi wa khanda amakhala pakati pa amayi ake, azichemwali ake ndi agogo ake, ndipo masiku a m'chikuta, mpaka mchombo utagwa, amapatsidwa mpata woti asagwire ntchito zolemetsa. Amene ali pa mavuto ndi mayi wa m'nyumba za pa esiteti kapena wa lendi pa Bvumbwe, amene abale ake ali kutali ndipo tchuthi cha uchembere, chomwe lamulo la ntchito limati chisachepere sabata 8, chikatha abwerera kuntchito. Kwa iyeyu kagulu ka amayi anayi kapena asanu okumana mphindi 20 pa sabata, akachoka ku banki m'khonde kapena ku sikelo ya ana, n'kofunika kuposa app yeniyeniyo.

Za chipembedzo tinene mosapsatira. Ambiri kuno ndi a CCAP, Akatolika, a Seventh Day, a mipingo ya Pentekoste, ndipo ena ndi Asilamu. Kuwerenga mpweya, kuyenda pang'onopang'ono ndi kumasula thupi mulibe kupembedza chilichonse. Koma mu app mulinso nyimbo zotamanda Avalokiteshvara, amene Abuda amamuona ngati chifundo chenichenicho, mulinso mwambo wogwada mpaka mphumi kukhudza pansi. Zimenezo ndi za chipembedzo chawo, ndipo kunena kuti si choncho kungakhale kunamiza anthu. Mayi wa Mvano kapena wa Dorika akhoza kuzidumpha osataya kanthu pa zimene tafotokozazi. Thich Nhat Hanh mwiniwake ankalimbikitsa anthu kuti asazule mizu ya chikhulupiriro cha kwawo. Ena amaika mawu a pemphero lawo pa mpweya wolowa ndi wotuluka, ndipo thupi limakhazikika chimodzimodzi.

Kwa ana a zaka 4 kupita m'tsogolo muli kachitidwe ka timiyala tinayi, ndipo n'kosavuta kukamasulira. Mwana amatola miyala inayi. Woyamba ndi duwa, akupuma katatu akudziona kuti ndi watsopano ngati duwa. Wachiwiri ndi phiri, wolimba. Wachitatu ndi madzi odekha amene amaonetsa zinthu mmene zilili. Wachinayi ndi malo otakasuka, womasuka. Mwana wa ku Mulanje safunika kumufotokozera za phiri, mumangomulozera. Miyalayo ikhale yaikulu kuposa kamwa la mng'ono wake wokwawa, ndipo muziisunga pamwamba.

Pali malire amene app iyi singadutse. Kulira popanda chifukwa ndi kusinthasintha kwa mtima m'masiku oyamba mutachira n'kofala, ndipo kumatha pasanathe sabata ziwiri. Kukapitirira pamenepo, mayi osagona ngakhale mwana atagona, osafuna kudya, osamva chikondi pa mwana, kapena akuganiza zodzivulaza kaya kuvulaza mwana, amenewo ndi matenda, ndipo malo ake ndi kuchipatala cha boma ku Thyolo kapena ku Mulanje, ku Malamulo, ku Mulanje Mission, kapena pa chipatala chaching'ono chapafupi. Mukhozanso kuimba foni kwaulere ku Chipatala Cha Pa Foni. Kutaya magazi ambiri, kutentha thupi, mutu waukulu ndi kuona zinthu mwachimbuuzi si zoti muzipumire mpweya, pitani tsiku lomwelo. Ndipo chiphunzitso cha kudekha chisasanduke mlongo wake wa mawu aja oti banja ndi kupirira. Mayi amene akumenyedwa akufunika ankhoswe olimba mtima ndi ofesi ya Victim Support ku polisi.

Palinso amayi amene kukhala chete kumawadzutsira zoopsa. Amene anaona madzi ndi miyala zikutsika m'phiri pa namondwe Freddy mu Malichi 2023, akatseka maso zithunzi zija zimatha kubwerera, mtima n'kuyamba kuthamanga. Zikatero asakakamire. Atsegule maso, ayang'ane chinthu chimodzi chapafupi, aponde pansi mwamphamvu, ndipo asankhe kuyenda m'malo mokhala. Abuda ali ndi nkhani ya Kisa Gotami, mayi amene anayenda ndi mtembo wa mwana wake kufuna mankhwala. Buddha anamutuma kukapempha njere za mpiru ku nyumba imene sikunagwepo maliro. Mpiru unalipo khomo lililonse, koma nyumba yotere sinapezeke, ndipo pofika madzulo anakaika mwana wake. Nkhaniyi ndi yamphamvu chifukwa Buddha sanamulalikire, anamutuma kwa anthu, ndipo khomo lililonse linamuuza za wake amene anapita. Komabe si yokanena pa siwa, kapena kwa mayi amene wangochoka ku mtayo atauzidwa kuti asalire mokweza. Ameneyo akufunika wina womulola kulira. Nkhani ya mpiru idikire miyezi, mpaka mwiniwake atayamba kufunsa za ena amene zinawaonekera.

Amene akufuna kuyesa achite motere kwa sabata zinayi. Sabata yoyamba, belu lokha pa ola lililonse, kuyambira 6 koloko m'mawa mpaka 6 koloko madzulo. Yachiwiri, onjezerani mphindi 5 zowerenga mpweya pa kuyamwitsa kwa m'mawa. Yachitatu, yesani kuyenda mowerenga mapazi popita ku mjigo, ndowa ikadali yopanda madzi, chifukwa pobwerera khosi ndi maso zili ndi ntchito ina. Yachinayi, pemphani wina agwire mwana kawiri, mumvetsere Deep Relaxation mpaka kumapeto. Ikatha sabata yachinayi zimitsani belu la pafoni kwa masiku atatu, muone ngati kulira kwa mwana kwayamba kukukumbutsani kokha mpweya utatu uja. Ngati sikunayambe, liyatseninso kwa sabata zina ziwiri.